Chigumu cha m'Masika ku Tengani

Ku Chigwa cha Shire dzuwa ndilo limalamula nthawi ya chakudya. Mlimi wa ku Tengani, m'boma la Nsanje, sadikira kuti madzi a tiyi awire asanapite kumunda, pakuti amadziwa kuti ndime imene sailima dzuwa lisanakwere idzagona yosalima. Amalawira mbandakucha, khasu paphewa, m'mimba mulibe kanthu, ndipo chakudya chake choyamba amachiona cha m'ma 10 koloko, thukuta litayamba kale kulowa m'maso. Chakudya chimenechi chimagwira ntchito ziwiri, ya kadzutsa ndi ya nkhomaliro. Chikakhala chopepuka, munthu amaweruka msanga mutu ukuzungulira. Chikakhala chokhalitsa m'mimba, ndime imatha.

Vuto lomweli limamupeza mwana amene amayenda mtunda wautali kupita ku sukulu ya sekondale yoyendera, ndipo mphunzitsi wake amalidziwa bwino, chifukwa ndiye amaona mitu ikugwera pa madesiki belu la nthawi yopuma lisanalire. Anthu ambiri amaganiza kuti mankhwala a vutoli ali m'golosale, ndiye kuti buledi, majarini ndi tiyi wamkaka, ndipo popeza ndalama yogulira zimenezi siioneka tsiku ndi tsiku, amangoti kadzutsa ndi wa anthu a pa ntchito. Koma m'nyengo ya masika, kuyambira mwezi wa April mpaka June, chaka chimene mvula yagwa bwino, munda wa ku Tengani umatulutsa pafupifupi zonse zofunika kuti banja liphike chakudya cham'mawa chokhutitsa, chotsekemera ndiponso chokolera mchere, chimene sichilira uvuni wa magetsi. Chakudyacho ndi chigumu, chimene ena amachitcha chikondamoyo.

DZIKO LA MINDA IWIRI

Tengani ali pa mseu waukulu wa M1, pakati pa Bangula ndi boma la Nsanje. Kum'mawa kwake kuli mtsinje wa Shire, umene eni dera amautcha Tchiri, ndipo tsidya lake ndi dziko la Mozambique. Kumadzulo kuli mapiri ndi nkhalango ya Matandwe. Anthu ake ndi Amang'anja ndi Asena, ndipo kuyambira kale amalima minda ya mitundu iwiri. Munda wa mphala uli kumtunda ndipo umadalira mvula, imene kumeneko imagwa yochepa ndi yosapanganika. M'menemo amabzala mapira, mchewere, thonje, mtedza ndi maungu. Munda wa dimba uli m'mphepete mwa mtsinje, kumene madzi osefukira amasiya matope achonde ndi chinyontho, ndipo madziwo akaphwa amabzalamo chimanga, nyemba ndi mbatata. M'masika ntchito za minda iwiriyi zimakumana: kumtunda akukolola mapira ndi kutola thonje, kumadzi akusosa ndi kubzala. Thupi limafuna mphamvu zambiri, ndipo mwamwayi imeneyi ndi nthawi yomwe zakudya zimakhala zamitundumitundu pakhomo.

Mbeu zimenezi si za dzulo m'chigwachi. Pamene David Livingstone adakwera mtsinje wa Shire pa sitima ya Ma Robert m'mwezi wa January 1859, adakumana ndi mfumu Tengani, imene anthu ake adaimitsa sitimayo mauta ali m'manja. M'zolemba za maulendo amenewo muli mndandanda wa mbeu zimene Amang'anja ankalima, ndipo mapira, chimanga, mtedza, maungu ndi mbatata zili momwemo. Amayi a m'chigwa ankatchezanso mchere kuchokera m'dothi nkumausinthanitsa ndi katundu wina. Motero zipangizo za chigumu zakhala m'manja mwa anthu a kumeneko zaka zoposa 160.

Wophunzira wa mbiri yakale adzakondwa kudziwa kuti mbeuzi zidachokera kosiyanasiyana. Mapira ndi mchewere ndi za mu Africa chiyambire, nthochi idachokera ku Asia kalekale, pamene chimanga, mbatata, mtedza ndi maungu kwao ndi ku America, ndipo zidaoloka nyanja m'zombo za Azungu, makamaka Apwitikizi, amene adakhazikika ku Sena ndi ku Tete m'zaka za m'ma 1530. Makolo sadaope chachilendo. Adachilandira, nachiyesa m'dothi lao ndi m'miphika yao, mpaka chidasanduka chao.

ULEMU WA BULEDI

Njanji yochokera ku Port Herald, dzina lakale la Nsanje, idafika ku Blantyre mu 1908, ndipo idadutsa pa Tengani. M'zaka zotsatira masitolo adachuluka, amuna adayamba kupita kutali kukagwira ntchito, ndipo pobwera ankabwera ndi zizolowezi zatsopano. Tiyi ndi buledi zidasanduka chizindikiro cha munthu wotsogola. Shuga nayenso adayandikira pamene fakitale ya Sucoma ku Nchalo idayamba kugaya nzimbe mu 1966. Fakitaleyi idalowa m'manja mwa kampani ya Illovo mu 1997. Chigumu chidatsalira m'mbuyo nichitengedwa ngati chakudya cha amphawi, kotero kuti mpaka lero wophunzira wa Fomu 4 angathe kuchita manyazi kuchitulutsa m'chikwama pamene mnzake wanyamula sikono, ngakhale kuti mwini sikonoyo ndiye amayamba kumva njala.

Buledi ali ndi chilema chimodzi chachikulu, chakuti tirigu wake samera m'chigwa. Dziko la Malawi limalima tirigu wochepa kwambiri, m'madera ozizira monga Neno ndi Tsangano, ndipo wambiri amagulidwa kunja ndi ndalama zakunja. Nkhondo ya Russia ndi Ukraine itayamba mu February 2022, mtengo wa tirigu udakwera pa dziko lonse lapansi. Ndalama ya kwacha idachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022, kenaka ndi 44 peresenti mu November 2023, ndipo katundu yense wochokera kunja adakwera nayo mtengo. Banja la ku Tengani, limene silidziwa ndi komwe kuli Ukraine, lidapezeka likulipira nao nkhondoyo pogula buledi. Akulu adati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ngwa mphepo. Mgaiwa umene uli m'nyumba ndiye fodya wa pamphuno.

UKWATI WA CHIGUMU NDI FUTALI

Chigumu cha masiku onse, chimene chimagulitsidwa m'misika ndi pa mageti a sukulu, chimapangidwa ndi mgaiwa, nthochi zakupsa, soda, mchere pang'ono ndi shuga ngati alipo. Chimakoma ndipo chimanyamulika m'thumba, koma zokulitsa thupi zimachepamo. Futali, amene ndi mbatata kapena maungu ophika ndi nsinjiro ndi mchere, ali nazo zokulitsa thupi, ndipo m'menemo kutsekemera kwa mbatata kumakumana bwino ndi mchere ndi mafuta a mtedza. Vuto la futali ndi lakuti amalira mbale ndi supuni, ndipo mwana sangamuike m'chikwama pamodzi ndi makope. Chimene chimasowa mwa chimodzi chimapezeka mwa chinzake, ndipo wophika wanzeru angathe kuziphatikiza ziwirizi mu mphika umodzi, chigumu kunja, futali m'kati.

Nzeru yotere imadziwikanso m'maiko ena. Ku America, m'nyengo yao yokolola ya September mpaka November, mabanja ena amaphika m'uvuni mbale imodzi yaikulu ya buledi wogona, mazira, mkaka, maapozi ndi soseji, nkudyera pamodzi Lamulungu cha m'ma 11 koloko, ndipo chakudya cha nthawi imeneyi amachitcha brunch. Kwa iwo ndi chakudya cha tsiku lopuma, cha anthu amene agona mpaka dzuwa kuwatulukira. Mlimi wa m'chigwa amadya nthawi yomweyo atagwira kale ntchito maola asanu. Komabe kaphikidwe kake nkofanana: zokolola za nyengoyo zimalowa mu mphika umodzi, zotsekemera ndi zamchere pamodzi, kuti anthu ambiri akhute ndi moto umodzi.

ZOFUNIKA NDI ZIFUKWA ZAKE

Pa banja la anthu 6 kapena 8 pamafunika makapu 3 a mgaiwa, makapu 2 a mbatata yophika ndi yokanya, nthochi 4 zakupsa kwambiri, kapu imodzi ya nsinjiro, mazira 2, kapu imodzi ndi theka ya chambiko, anyezi mmodzi wamkulu, masupuni aakulu 3 a mafuta ophikira, supuni yaing'ono imodzi ya mchere ndi inanso imodzi ya soda. Pamafunikanso mbatata imodzi yaiwisi yoti idulidwe mopyapyala. Shuga sakakamiza, nthochi zikapsa mpaka khungu kuda, masupuni aakulu 2 amakwana, ndipo ena samuthira nkomwe.

Mgaiwa umaposa ufa woyera chifukwa umasunga gaga ndi mtima wa chimanga, mmene muli mafuta ndi mavitamini, zinthu zimene zimatayika chimanga chikakonoledwa ndi kuviikidwa. Kumene chimanga chachepa, kapu imodzi mwa atatuwo ingathe kukhala ya ufa wa mapira oyera. Mapira ofiira kwambiri amawawirako ndipo amadetsa chigumu.

Mbatata yabwino koposa ndi yofiira m'kati, chifukwa ili ndi zinthu zimene thupi limazisandutsa vitamini A, amene amateteza maso ndi kulimbitsa thupi polimbana ndi matenda. Alimi ambiri amadziwa mtundu wa Zondeni, ndipo mu 2011 akatswiri a zofufuza zaulimi ku Bvumbwe, mothandizana ndi bungwe la International Potato Center, adatulutsa mitundu ina isanu: Kadyaubwerere, Chipika, Kaphulira, Mathuthu ndi Anaakwanire. Ntchito yofalitsa mbatata yotere mu Africa idalemekezedwa mu 2016, pamene Maria Andrade, Robert Mwanga ndi Jan Low adali m'gulu la olandira mphotho ya World Food Prize. Vitamini A amalowa bwino m'thupi akatsagana ndi mafuta, ndipo apa ndi pamene pali ntchito ya nsinjiro, pakuti pafupifupi theka la mtedza ndi mafuta, pamene gawo limodzi mwa magawo anayi ndi mapuloteni. Makolo amene adayamba kuthira nsinjiro m'maungu sadamvepo za mavitamini, koma adalondola.

Pa mtedza pali chenjezo. Mtedza wonyala, wobooka kapena wochita chuku uyenera kusankhidwa ndi kutayidwa, chifukwa chuku chimatulutsa poizoni wotchedwa aflatoxin, amene amaononga chiwindi, ndipo moto wophikira sumutha. Nthochi nazo zidakwera mtengo kuchokera pamene matenda a chisaka adaononga minda ya ku Thyolo ndi ku Mulanje. Zikasowa, kapu imodzi ndi theka ya maungu ophika ndi okanya ingalowe m'malo mwake, shuga nkuonjezerako pang'ono. Chambiko sichisowa kwenikweni m'maboma a Chikwawa ndi Nsanje, amene amadziwika ndi ng'ombe, koma amene alibe angathe kuviika malambe kapena bwemba m'madzi ofunda, nkusefa, nkugwiritsa ntchito madzi owawasawo pa muyeso womwewo.

Aphunzitsi akale ankaphunzitsa magulu atatu a zakudya: zopatsa mphamvu, zokulitsa thupi ndi zoteteza ku matenda. Masiku ano a zaumoyo amaphunzitsa magulu asanu ndi limodzi: zokhutitsa, zanyemba, zanyama, zipatso, mafuta ndi masamba. Chigumu chimenechi chimakhudza magulu asanu oyambawo, ndipo gulu la masamba limangoimiridwa ndi anyezi, kotero kuti nkhwani kapena kholowa ziyenera kudzapezeka pa mgonero.

KAPHIKIDWE KAKE

Ntchito imayamba madzulo. Pa moto wa mgonero wophika amawiritsa mbatata, nakazinga mtedza pang'ono, kuusinja ndi kuusefa. M'mawa amasenda mbatatayo ndi kuikanya pamodzi ndi nthochi mpaka mibulu itatha. Amaswera mazira, limodzilimodzi m'kapu poyamba kuopa lovunda, nathira chambiko, kenaka mgaiwa, theka la nsinjiro, shuga ndi theka la mchere. Amatakasa ndi mthiko mpaka zitakhala ngati phala lolimba, limene limagwa pa mthiko mwaulesi. Likalimba ngati nsima, amaonjeza madzi pang'ono. Phalali amalisiya mphindi 15 kuti mgaiwa umwe madzi, chifukwa mgaiwa wosamwa madzi umamveka ngati mchenga m'kamwa.

Podikira amakazinga anyezi m'mafuta pamodzi ndi mbatata yaiwisi yodula mopyapyala ija, mpaka anyezi atafiira ndi mbatata itayamba kufewa. Amawazamo mchere wotsala ndi nsinjiro yotsala, kusiyako dzanja limodzi la pamwamba, ndipo uyu ndiye futali wa m'kati. Kenaka amatenga poto wochindikala pansi, namuyala tsamba la nthochi limene walifewetsa pa moto, nalipaka mafuta. Tsambali limateteza chigumu kuti chisamatirire ndipo limachipatsa fungo labwino.

Soda amalowa pomalizira penipeni. Wophika amamusungunula m'masupuni 2 a madzi, namuthira m'phala muja, natakasa mofulumira. Nthawi yomweyo amathira theka la phalalo mu poto, nayala futali pamwamba pake mosafika m'mbali, naphimba ndi theka lotsalalo. Pamwamba amawazapo nsinjiro imene adasiya ija. Poto asadzaze, gawo limodzi mwa atatu likhale lopanda kanthu, kuti chigumu chipeze malo pofufuma.

Chinsinsi chonse chili pa moto. Malawi safunika, amafunika makala okhaokha, ndipo a pamwamba ayenera kuchuluka kuposa a pansi, pafupifupi kawiri. Wophika amakhazika poto pa mafuwa kapena pa mbaula ya makala ochepa, navundikira ndi chivundikiro chachitsulo kapena lata loyera, naunjika makala pamwamba. Moto wa pansi ukachuluka, chigumu chimapserera kunsi m'kati muli mwauwisi, ndipo ili ndilo vuto la ambiri oyamba kumene. Poto azitembenuzidwa pang'ono mphindi 10 zilizonse kuti mbali zonse zilandire moto mofanana, koma asavundukulidwe mphindi 30 zisanathe, chifukwa mphepo ikalowa chigumu chimafota. Kuona maso a nkhono nkudekha. Pakati pa mphindi 45 ndi ola limodzi, wophika amabaya pakati ndi kaudzu koyera kapena mpeni. Kakatuluka kouma, chigumu chapsa. Amene ali ndi uvuni auike pa madigiri 180 kwa nthawi yomweyo. Chigumu chizizire mphindi 15 chisanadulidwe, apo ayi chimanyenyeka.

Makala ake sayenera kukhala ogula. Makala otsala pophika, kapena zitsononkho za chimanga zimene zayaka nkusanduka makala, zimakwana, ngakhale kuti za zitsononkho zimatha msanga ndipo zimafuna kuonjezera. Mfundoyi njofunika, chifukwa mitengo ya ku Matandwe ndi m'mapiri ena ikatha, mvula imakokolola dothi nkukwirira mitsinje, ndipo olira ndi anthu a m'chigwa omwewo.

Ngati onse akupita kumunda, mmodzi angathe kutsalira kuti aphike ndi kukapereka cha m'ma 10 koloko. Cha mwana wa sukulu chiphikidwe madzulo ndi kusungidwa chovundikira pamalo ozizira. Popeza muli mazira ndi mkaka, ndipo chigwa nchotentha, chigumu chotere chisagone kawiri.

SAYANSI YA MU MPHIKA

Mphunzitsi wa sayansi amene amadandaula kuti sukulu yake ilibe zipangizo angathe kupeza phunziro lathunthu mu mphika umenewu. Soda akakumana ndi chinthu chowawasa, monga chambiko, malambe kapena bwemba, amatulutsa mpweya wa carbon dioxide, womwe munthu amatulutsa popuma. Mpweyawu umapanga timabowo m'phala, moto umaumitsa mazira ndi ufa mozungulira timabowoto, ndipo chigumu chimakhala chofewa. Nchifukwa chake soda amalowa pomalizira: akalowa msanga, mpweya umathawa poto asanafike pa moto. Ana angadzionere okha zimenezi pothira madzi a malambe m'botolo, soda m'baluni, nkuvala baluniyo pakamwa pa botolo. Soda akagwera m'madzimo baluni imafufuma iwo akuona.

Soda akachuluka kuposa chowawasa, wotsalayo amachititsa chigumu kumveka ngati sopo, ndipo amaononga vitamini B1. Ambiri amaganiza kuti kuchulukitsa soda ndiko kufufumitsa, koma supuni yaing'ono imodzi imakwana. Agogo amene amatcheza chidulo kuchokera ku phulusa amagwiritsa ntchito mankhwala a mtundu womwewo, ndipo amadziwa kuti chidulo chikachuluka ndiwo zimaonongeka.

Chigumu sichifufuma ngati buledi chifukwa chimanga chilibe ulimbo wotchedwa gluten, umene uli mu tirigu ndipo umakola mpweya wambiri. Anthu ena amachinyoza chifukwa cha kulemera kumeneku, chonsecho buledi amaoneka wamkulu kaamba ka mpweya, ndipo mpweya sukhutitsa. Nayonso mbatata ili ndi phunziro lake: ikamatenthedwa pang'onopang'ono, mbali ina ya ufa wake imasanduka shuga, ndipo nchifukwa chake mbatata yootcha m'phulusa imatsekemera kuposa yowiritsa mofulumira. Mchere pang'ono umachititsa lilime kumva kutsekemerako mokwanira, motero shuga wogula amachepa. Mcherewo ukhale wa ayodini, amene amateteza ku chithokomiro ndi kuthandiza ubongo wa mwana kukula bwino.

CHIDYERANO NDI MADZI OSEFUKIRA

Chigumu cha mu poto wamkulu sichidyedwa ndi munthu mmodzi. Katswiri wa mbiri yakale, Elias Mandala, amene adaphunzitsa pa yunivesite ya Rochester ku America, adalemba buku lotchedwa The End of Chidyerano, limene lidatuluka mu 2005, lofotokoza mbiri ya chakudya m'chigwa chimenechi. Chidyerano udali mwambo wakuti mabanja oyandikana abweretse mbale zao pamalo amodzi nkudyera pamodzi, kotero kuti mwana wa m'nyumba imene mulibe ndiwo sankagona ndi njala. Mwambowu udazilala, koma nzeru yake ingathe kugwirabe ntchito pa chigumu. Si nyumba iliyonse imene ili ndi mazira, mkaka, mtedza ndi nthochi tsiku limodzi, koma nyumba zitatu zoyandikana zingakhale nazo. Wina akabwera ndi chambiko, wina nsinjiro, wina mgaiwa, moto umodzi umadyetsa ana a nyumba zonse zitatu. Kupatsa nkuika.

Palibe amene anganene kuti masika onse amakhala a mwanaalirenji ku Tengani. Madzi osefukira a mu January 2015, a namondwe Idai mu March 2019, a namondwe Ana mu January 2022 ndi a namondwe Freddy mu March 2023 adakokolola minda, nyumba ndi ziweto m'maboma a Nsanje ndi Chikwawa, ndipo zaka zina chilala ndicho chimaotcha mbeu. M'zaka zotere anthu amalowa m'madambo kukazula nyika, kumene ng'ona zimawadikira. Koma madzi omwewo akaphwa amasiya chinyontho, ndipo mbatata ndi imodzi mwa mbeu zimene zimapulumutsa msanga, chifukwa imakhwima pakati pa miyezi itatu ndi isanu, ndipo masamba ake amadyedwa isanakhwime nkomwe. Nchifukwa chake boma ndi mabungwe amagawa mbeu ya mbatata madzi akasefukira. Banja limene limadziwa kuphika mbatata m'njira zingapo silitopa nayo, ndipo makapu atatu a mgaiwa, amene pa nsima sangakwanire anthu asanu ndi atatu, amawakwanira akalowa m'chigumu pamodzi ndi mbatata.

KWA OMALIZA SUKULU NDI APHUNZITSI

Chaka chilichonse anyamata ndi atsikana ambiri amamaliza Fomu 4, ndipo malo a ku koleji ndi a ntchito za mu ofesi sakwanira onse. Amene wabwerera kumudzi ndi satifiketi angathe kukhala pansi kudikira kalata, kapena angathe kuyamba ndi chimene chili pafupi. Pa msika wa Tengani, pa malo okwerera minibasi ndi pa madoko a mabwato pamadutsa anthu amene adachoka kwao osadya. Poto mmodzi wamkulu amatulutsa zidutswa 16. Wophunzira amene adakhoza masamu alembe m'kope mtengo wa chilichonse chimene chalowa mu poto, ngakhale chochokera m'munda mwa makolo ake, aonjezepo mtengo wa nkhuni ndi wa nthawi yake, agawe ndi 16, ndipo pokhapo ndi pamene angaike mtengo wa chidutswa. Malonda ambiri a zakudya amagwa chifukwa mwini wake amawerengera ndalama yonse ya m'thumba ngati phindu.

Ukhondo ndiwo umasunga makasitomala. Mliri wa kolera wa mu 2022 ndi 2023 udapha anthu ambiri m'dziko muno, ndipo Nsanje lidali limodzi mwa maboma oyamba kukhudzidwa. Wogulitsa asambe m'manja ndi sopo, aphike ndi madzi otetezedwa, avundikire chigumu kuopa ntchentche ndi fumbi, ndipo apatse wogula ndi foloko kapena pepala loyera, osati ndi dzanja limene lagwira ndalama.

Ntchitoyi si ya atsikana okha. Mnyamata amene amati kuphika nkwa akazi amaiwala kuti m'mahotela a ku Blantyre ndi ku Lilongwe ophika ambiri ndi amuna, ndipo amalandira malipiro pa ntchito imene iye akuinyoza. Aphunzitsi nawonso ali ndi mbali yao. Bungwe la Mary's Meals, limene lidabadwa mu 2002, ndi mabungwe ena amapereka phala m'sukulu zambiri za pulaimale, koma wophunzira wa sekondale yoyendera kawirikawiri amadalira chimene wanyamula kunyumba, ndipo mayeso ake aakulu amamupeza masika atangotha. Mphunzitsi amene angadye chigumu poyera pa nthawi yopuma, ana akuona, adzachotsa manyazi amene mau okha sangawachotse. Munda wa sukulu ungathenso kusunga mbeu ya mbatata yofiira m'kati, kuti ana azitengako kupita nayo kwao.

Chotsala ndi kukonzekera. Mtedza uumitsidwe bwino usanalowe m'thumba, mapira oyera apatulidweko a ufa, ndipo mbeu ya mbatata ifunidwe kwa alangizi a zaulimi kapena kwa anansi madzi akangoyamba kuphwa m'madimba. Banja limene lachita zimenezi m'masika lidzaphika chigumu cha mbatata ya kumphala m'mwezi wa May, ndi cha mbatata ya kudimba m'mwezi wa September, pamene nkhokwe zambiri zimakhala zitayamba kupepuka.